Mtsikana wa m'chikwama mu Transporter uja ndi Shu Qi, ndipo sanasowe ayi

Achimwene mwafunsa kuti mtsikana uja Jason Statham anamupeza atamangidwa m'chikwama ku buti ya galimoto mu The Transporter ndi wakuti komanso bwanji anangosowa. Ameneyo ndi Shu Qi, kwawo ndi ku Taiwan, anabadwa mu 1976, dzina lake lenileni ndi Lin Li-hui. Kusowa sanasowe ayi, kungoti ambirife tinamuonera filimu imodzi yomweyo ya 2002 m'mavidiyo sho basi nkumayesa kuti zake zinathera pompo, chonsecho ija ndi imodzi chabe mwa mafilimu ambiri amene anasewerapo.

Anayamba movutika ndithu. Anapita ku Hong Kong akadali wachichepere nkuyamba ndi zithunzi komanso mafilimu a akuluakulu okhaokha, ndipo anthu anamunyoza nazo kwa zaka zambiri. Mu 1996 wotsogolera mafilimu Derek Yee anamutenga mu Viva Erotica limodzi ndi Leslie Cheung, pomwepo nkupata ma award awiri ku Hong Kong Film Awards.

Za ndewu zilipo, Gorgeous ya 1999 ali ndi Jackie Chan, komanso So Close ya 2002 ali ndi Zhao Wei ndi Karen Mok, mmenemo ndiye amamenya yekha osati kumangodikira kupulumutsidwa ngati mu Transporter muja.

Koma ine ndikamati mayi ameneyu ndi katswiri ndimanena za ntchito yake ndi Hou Hsiao-hsien, wotsogolera mafilimu waku Taiwan komweko. Anayamba ndi Millennium Mambo mu 2001, kenako Three Times mu 2005, mmene iye ndi Chang Chen amasewera nkhani zitatu za chikondi, ya 1966, ya 1911 ndi ya 2005. Gawo la 1911 lija anthu sakumveka kulankhula, mawu amangolembedwa pa sikirini, ndiye kupweteka konse kwa mkazi amene akudikira mwamuna woti samuwombola ku nyumba ya mahule imene amakhalako umakuwerenga pankhope pake basi, ine pamenepo mpamene anandigwira mtima. Filimu imeneyo inamupatsa award ya best actress ku Golden Horse, ma award a mafilimu aku Taiwan.

The Assassin ya 2015 ndi yomwe inaphatikiza ziwiri zonsezi. Mmenemo Shu Qi ndi Nie Yinniang, mkazi wophunzitsidwa kupha nthawi ya mafumu a Tang, ndiye amutuma akaphe msuweni wake yemwe poyamba anayenera kukwatirana naye. Ndikuchenjezeni achimwene, ngati mukufuna zibakera mpaka kumapeto mukhumudwa, ndewu zake zimangotenga kanthawi kochepa ndipo iye salankhula zambiri, nkhani yonse ili pa kuzengereza kwake kupha. Hou anatenga nayo best director ku chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France.

Shu Qi anakwatiwa ndi Stephen Fung mu 2016, ndipo mu 2025 anatulutsa filimu yoyamba kuitsogolera yekha, Girl, yomwe inakapikisana nawo ku chikondwerero cha mafilimu cha ku Venice, ku Italy. Muyambe ndi So Close poti mumakonda zomenya, kenako mupeze Three Times tsiku limene mulibe changu.