Yankho kwa amalume: za kuyesa mawebusayiti

Amalume, mwaswera bwanji kumeneko ku Chitakale? Funso lanu ndalimva, loti kodi mtsikana wathuyo angaphunzire ntchito yoyesa mawebusayiti pamene laputopu alibe. Angathe ndithu, ayambe ndi foni yomwe ali nayoyo.

Ntchitoyitu ndi yosaka zolakwika anthu asanayambe kugwiritsa ntchito webusayiti. Tinene kuti fomu ikufuna nambala ya foni. Iye alembe yoyamba ndi 088, kenako 099, kenako ayambe ndi +265, kenako achotsepo nambala imodzi aone ngati ikana. Pa dzina alembe Ng'oma, chifukwa kachizindikiro kali pakati pa g ndi o kaja kamasokoneza mafomu opangidwa mosasamala, ndipo mayina athu ambiri ali nako. Fomu ikati zaka 18 mpaka 35, ayese 17, 18, 35 ndi 36. Zolakwika zimakonda kubisala m'malire momwemo.

Ndiye kukhala ku Mulanjeko musakuone ngati vuto ayi. Opanga ambiri amayesera mu ofesi pa intaneti yothamanga, koma wogula weniweni ali ndi Itel, kabandulo kochepa, netiweki yodukaduka. Ikaduka munthu ali mkati molipira ndi Mpamba kapena Airtel Money, chimachitika n'chiyani? Akadina batani kawiri, ndalama idulidwa kawiri? Koma zokhudza ndalamazi ayese pokhapokha mwini webusayiti wamulola, chonde mumuuze zimenezo.

Chimene ndikufuna achigwiritsitse ndi kulemba lipoti. Kungoti "sizikugwira" sikuthandiza aliyense. Alembe kuti ndinatsegula tsamba lakuti, ndinadina apa, ndimayembekezera chakuti, koma chatuluka chakuti. Aikepo chithunzi cha sikirini, mtundu wa foni, ndiponso ngati anali pa Chrome kapena Opera Mini. Wokonzayo akatsatira n'kuona vuto lomwelo osamuimbira foni, ndiye kuti mtsikanayo waidziwa ntchito.

Laputopu ikadzapezeka tidzalowa za HTML (chinenero cholembera masamba a webusayiti), kudina batani la F12 pa Chrome kuti tione za mkati mwa tsamba, kenako Selenium (pulogalamu yoyesa mawebusayiti m'malo mwa munthu). Satifiketi yodziwika pa ntchitoyi ndi ya ISTQB Foundation, mafunso 40, munthu amakhoza akapeza 26. Silabasi yake ndi yaulere pa intaneti, koma mayesowo ndi olipira, ndiye musathamangire kugulitsa mbuzi panopa. Za yunivesite ya MUST ku Thyolo tidzakambirana mayeso a Fomu 4 akatuluka.

Pakadali pano asankhe webusayiti imodzi, anditumizire malipoti atatu pofika Loweruka, ndidzamuimbira tiwaone limodzi. Mundipatsire moni azakhali.