Kodi mayiko alibedi chifundo? Kuyankha funso la realism

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mtsikana wina amene akuphunzira zandale ku yunivesite. Funso lake linali lakuti: "M'kalasi tangophunzira za realism, ndipo ine zandisowetsa mtendere. Kodi ndiye kuti mayiko alibe chifundo, ndipo dziko laling'ono ngati lathu lizingogonjera amphamvu? Ngati zili choncho, malamulo a pakati pa mayiko tikuwaphunziriranji?"

Achemwali, zikomo pondilembera. Nanenso nkhaniyi inandivutitsa mtima nditangokumana nayo, ndiye ndiyankha mofatsa. Kwa amene sanaimvepo, realism ndi chiphunzitso chakuti pa ubale wa mayiko, dziko lililonse limaika patsogolo chitetezo ndi mphamvu zake.

Tiyambire kumudzi. Anthu awiri akalimbirana malire a munda amapita kwa a nyakwawa. Zikavuta amakaonekera kwa a gulupu, kenako kwa mfumu yaikulu, mwinanso kukhoti, ndipo wonyoza chigamulo amakumana ndi apolisi. Mayiko alibe zonsezi. Pamwamba pa Malawi, Russia kapena America palibe boma lina loti n'kukadandaulako. Bungwe la United Nations lilipo, inde, koma lilibe asilikali akeake, ndipo America, Britain, France, Russia ndi China aliyense angathe kukana chigamulo cha Security Council, komiti ya bungweli yoona za chitetezo, chimene sichinamukomere. Realism yonse yamangidwa pa mfundo imeneyi. Kumene kulibe mfumu, aliyense amayamba waganizira za moyo wake. Sungadziwe zimene mnzako akonza mawa, ndiye umagula mfuti. Iye akaona mfuti yako amagula ziwiri, ndipo nonse mumagona ndi mantha oposa poyamba, chonsecho palibe amene anafuna nkhondo.

Nkhani imene a realism amakonda kuyambira ndi ya chilumba cha Melos, yolembedwa ndi Thucydides, wolemba mbiri wakale wa ku Greece. M'chaka cha 416 Yesu asanabadwe, mzinda wa Athens unali pa nkhondo ndi Sparta, ndipo unauza anthu a ku Melos kuti agonje n'kumapereka msonkho. Iwo anati salowerera mbali iliyonse, ndipo anadalira chilungamo, milungu yawo ndi thandizo la Sparta. Atumiki a Athens anawayankha kuti za chilungamo zimakambidwa pakati pa ofanana mphamvu. Wamphamvu amachita zimene angathe, wofooka amapirira zimene zam'gwera. Melos anakana kugonja. Sparta sanabwere. Amuna anaphedwa, akazi ndi ana anagulitsidwa ukapolo.

Musaganize kuti zoterezi zinathera kalekalelo. Mu 1935 Italy ya Mussolini inalowa mu Ethiopia, dziko limene linali membala wa League of Nations, bungwe lolonjeza kuti woukira mmodzi waukira onse. Mu June 1936 Haile Selassie, mfumu ya Ethiopia, anaimirira ku Geneva kudandaula, ndipo patangopita masabata ochepa bungwelo linachotsa zilango zimene linaika pa Italy. Britain ndi France ankaopa Hitler, ndiye sanafune kumukwiyitsa Mussolini. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe: pomafika 1939 nkhondo inali itawapeza eni akewo. Chaka chomwecho E.H. Carr, katswiri wa ku Britain, anatulutsa buku lodzudzula anthu amene ankakhulupirira kuti mapangano apapepala angathetse nkhondo popanda mphamvu kumbuyo kwake. Hans Morgenthau, Myuda amene anathawa ku Germany, analemba Politics Among Nations mu 1948, n'kunena kuti gwero la kulimbana kwa mayiko ndi mtima wa munthu wolakalaka ulamuliro. Kenneth Waltz, katswiri wa ku America, mu 1979 anati ayi, ngakhale atsogoleri onse atakhala anthu abwino, kusowa kwa mfumu pamwamba pawo kungawakakamizebe kuchita chimodzimodzi. Ine ndimaona kuti Waltz anafika pamtima pa nkhaniyi, chifukwa tonse taonapo munthu wofatsa akusintha makhalidwe atangokhala pa mpando wopanda womudzudzula.

Tsono tibwere kwathu, chifukwa realism tinakhala nayo tisanadziwe dzina lake. Mu 1964, patangopita miyezi iwiri chilandirireni ufulu, Kamuzu Banda anasemphana ndi nduna zake, a Kanyama Chiume, a Orton Chirwa, a Henry Chipembere ndi ena. Mwa zimene anakanganira zinali ubale wake ndi Apwitikizi amene ankalamulira Mozambique, komanso kukana kwake kuzindikira boma la China la ku Beijing. Maganizo a Kamuzu anali akuti dziko lathu lilibe doko, katundu wathu amadzera ku Beira, ndipo anthu athu ambirimbiri amadyetsa mabanja ndi ndalama za ku migodi ya ku Joni. Mu 1967 anakhazikitsa ubale wa ukazembe ndi boma la tsankho la South Africa, zimene dziko lina lililonse lolamulidwa ndi anthu akuda silinachite. John Vorster, nduna yaikulu ya South Africa, anabwera kuno mu 1970, Kamuzu anapita kumeneko mu 1971, ndipo ngongole ya ku South Africa inathandiza kumanga likulu la Lilongwe, limene linalowa m'malo mwa Zomba mu 1975. Wophunzira wa realism akaona zimenezi sadabwa. Amati mtsogoleri anawerenga mapu n'kusankha mimba ya anthu ake. Koma mtengo wake tinalipira. Pamene Zambia ndi Tanzania zinkasunga omenyera ufulu, ife tinkaonedwa ngati ogulitsa abale, ndipo manyazi amenewo sanathe msanga.

Chitsanzo china mwina mukuchikumbukira kuchokera kwa makolo anu. Kuyambira 1966 tinali pa ubale ndi Taiwan, amene anatimangira chipatala chachikulu cha Mzuzu. Kumapeto kwa 2007 boma la Bingu wa Mutharika linatembenukira ku China, ndipo nkhaniyi inalengezedwa mu January 2008. Mapanga awiri avumbwitsa, ndipo Beijing salola kuti dziko likhale ndi onse awiri. Zotsatira zake tikuziona: nyumba ya malamulo ku Lilongwe, msewu wa Karonga kupita ku Chitipa, bwalo la zamasewero la Bingu. Madokotala a ku Taiwan amene ankathandiza odwala ku Mzuzu analongedza katundu n'kumapita. Ubwenzi wa zaka zoposa 40 unatha chifukwa wina anali ndi thumba lalikulu ndiponso mpando ku Security Council.

Ndiye kodi mayiko alibe chifundo? Yankho langa ndi lakuti realism imalongosola bwino zimene zimachitika, makamaka zinthu zikafika povuta, koma si chilolezo chochitira nkhanza. Anthu ambiri apa ndi pamene amasochera. Morgenthau yemweyo anatsutsa poyera nkhondo ya America ku Vietnam. John Mearsheimer ndi Stephen Walt, akuluakulu a realism a masiku ano, anatsutsa nkhondo ya ku Iraq ya 2003 isanayambe n'komwe, ponena kuti sinali yofunika pa chitetezo cha America. Chiphunzitsochi chimauza wamphamvu kuti adziwe malire a mphamvu zake. Ngakhale Thucydides sanathere pa Melos. Chaka chotsatira Athens, atatupa mtima, anatumiza zombo ku Sicily, ndipo pofika 413 Yesu asanabadwe gulu lonselo linali litathera komweko.

Pali pena pamene ine ndimasiyana nawo, ndipo ndinene mosabisa. Mearsheimer analemba mu 2014 kuti vuto la Ukraine linayamba chifukwa mayiko a azungu anakankhira NATO, mgwirizano wawo wa zankhondo, kufupi ndi Russia. Mfundo yakeyo ili ndi fupa, koma ikamakambidwa anthu a ku Ukraine eni ake amasowamo, ngati udzu umene njovu zikumenyeranapo. Dziko limeneli linapereka zida za nyukiliya zimene linatsala nazo, ndipo mu 1994 ku Budapest, Russia, America ndi Britain analonjeza kulemekeza malire ake. Russia inalanda Crimea, chigawo cha Ukraine, mu 2014 n'kudzalowa ndi nkhondo yaikulu pa 24 February 2022. Wa realism adzati mwaona, pepala silinawateteze. Zoona. Koma ineyo, mwana wa dziko laling'ono, sindingavomereze kuti oyandikana ndi chimphona alibe ufulu wosankha abwenzi awo. Ndikavomereza zimenezo ndiye kuti ndadzigulitsa ndekha.

Pa za malamulo, achemwali, chonde musawataye. Ganizirani za nyanja yathu. Tanzania imati malire adutse pakati pa madzi, ife timati ali m'mphepete mwa gombe la kum'mawa, ndipo chimene timaimirapo ndi pangano la Britain ndi Germany la 1890, kuphatikizapo chigamulo cha 1964 cha OAU, bungwe la mayiko a mu Africa la nthawi imeneyo, chakuti malire amene atsamunda anasiya alemekezedwe. Tanzania imatiposa kutalitali pa chiwerengero cha anthu, chuma ndi asilikali. Mkanganowu utabukanso mu 2012 chifukwa cha zofufuza mafuta m'nyanja, mayiko awiriwa sanatulutse mfuti. Anapita kukakhala pansi pamaso pa Joaquim Chissano, mtsogoleri wakale wa Mozambique. Nkhaniyo sinathebe mpaka lero. Tsiku limene idzayambirenso, dziko lathu lidzafuna anthu odziwa kuwerenga pangano la 1890 mzere ndi mzere, amene akudziwanso bwino lomwe kuti mnzathu wakhala tsidya lina la tebuloyo ndi wamphamvu kutiposa. Ndikufuna mmodzi mwa anthu amenewo mudzakhale inu. Mukamaliza kuwerenga za Waltz, mundilemberenso, tidzakambirane za amene amamutsutsa.