Kodi munthu wowonda mufilimu ya The Thin Man ndi ndani?

Bambo wina wanditumizira imelo kunena kuti anaonera filimu ya mu 1934 yotchedwa The Thin Man, dzina lotanthauza munthu wowonda, koma inafika pothera asanamvetse chifukwa chake wapolisi wachinsinsi Nick Charles anapatsidwa dzina limeneli. Afunsanso ngati n'zoyenera kuti nkhani ya kuphana ikhale yodzaza ndi nthabwala.

Bambo, munthu wowondayo si Nick ayi. Ndi Clyde Wynant, mkulu wokonza makina atsopano uja amene akusowa kumayambiriro, ndipo mwana wake Dorothy akuchonderera Nick kuti amufunefune. Mlembi wa Wynant, Julia Wolf, ataphedwa, apolisi a ku New York akuganiza kuti wapha ndi Wynant. Kenaka galu wa Nick, Asta, akununkhiza pansi m'nyumba yomwe Wynant ankagwiriramo ntchito, ndipo mukupezeka mafupa atakwiriridwa pamodzi ndi zovala za munthu wonenepa. Zovalazo zinaikidwa dala pofuna kusocheretsa apolisi, koma kachitsulo komwe kanatsalira m'fupa la mwendo kakumuuza Nick kuti wakufayo ndi Wynant yemweyo, amene onse akumusaka ngati chigawenga. Chinsinsi cha mlandu wonse chagona pa kuwonda kwake.

Pa funso lachiwiri, ine ndimaona kuti mlanduwo ndi chikopa chabe, nyama yake ndi banja la Nick ndi Nora. Nkhaniyi inachokera m'buku la Dashiell Hammett, koma amene anailembanso kuti ikhale filimu, Albert Hackett ndi Frances Goodrich, anali mwamuna ndi mkazi wake, ndipo zimenezi zimamveka m'mene William Powell ndi Myrna Loy, omwe akusewera ngati Nick ndi Nora, akusereulana. Kumbukirani m'mawa wa Khirisimasi, pamene Nick wagona pampando, n'kumawombera zokongoletsera mtengo ndi kamfuti kamphepo komwe walandira ngati mphatso, uku Nora wakhala chete atavala chikhoti chake chaubweya, akungomuyang'ana cham'mbali. Palibe mtembo pamenepo, koma ndi malo amene anthu ambiri amawakumbukira. Za mowa umene awiriwa akumwa usana ndi usiku, dziwani kuti lamulo loletsa mowa ku America linali litangotha kumene mu Disembala 1933.

Nthabwalazi zinali zatsopano pa chifukwa chinanso. Mafilimu olankhula atayamba cha m'ma 1927, osewera ankaima chilili pafupi ndi maikolofoni obisidwa, n'kumalankhula pang'onopang'ono ngati akuwerenga kalata. Pofika 1934 zipangizo zinali zitasintha, ndipo W. S. Van Dyke, amene anatsogolera filimuyi ku kampani ya MGM, anali wodziwika ndi kusakonda kujambula chinthu kawiri. Ntchito yonse anaimaliza m'milungu pafupifupi iwiri, ndipo changu chimenechi n'chimene chinachititsa kuti mawu a osewera azimveka ngati macheza enieni.

Musadziimbe mlandu posokoneza dzinalo, chifukwa anakusokonezani ndi eni filimu. Itakondedwa kwambiri n'kupikisana nawo pa mphoto zinayi za Oscar, MGM inatulutsa mafilimu ena asanu a Nick ndi Nora mpaka 1947, ndipo onsewo anasunga mawu akuti Thin Man pa dzina lawo, ngakhale kuti Wynant anali atafa kale mufilimu yoyamba.