Ndege zankhondo zopanda woyendetsa mkati

Funso: Akonzi, ndamva kuti kuli ndege zankhondo zouluka popanda munthu mkati, zimenenso makina a rada, aja ofufuzira ndege potumiza mafunde a wailesi, amavutika kuziona. Kodi zimatheka bwanji? Wowerenga, Chileka, Blantyre.

Yankho: Zimatheka ndithu, bambo. Chitsanzo ndi X-47B ya kampani ya Northrop Grumman ya ku America, imene inauluka koyamba mu 2011. Ndegeyi ilibe mchira, thupi lonse ndi phiko limodzi losalala, ndipo malo onyamulira zida ali m'mimba mwake, choncho mafunde a rada akaiwomba ambiri amamwazikira kumbali m'malo mobwerera kumene achokera. Chogometsa kwambiri, m'kuona kwathu, n'chakuti mu 2013 inatera yokha pa sitima yapanyanja yonyamula ndege, kenaka mu 2015 inamwetsedwa mafuta ili mumlengalenga. Komabe inali yoyesera chabe, ndipo kunkhondo sinapiteko.