Mphwanga wafunsa za nyimbo za m'mafilimu, ndiye wandikhudza pachilonda

Sabata yatha ndalandila imelo ya mnyamata wina oyimba kiyibodi ku tchalitchi kwawo, akuti kodi munthu angadye ndi ntchito yopeka nyimbo za m'mafilimu ndi za pa TV kapena angozitaya. Ndinawerenga kawiri nkutseka kaye laputopu, chifukwa funso limenelo mphwanga ndinadzifunsapo ndekha usiku wina magetsi atathima ntchito ndisanasevu.

Ganyu yanga yoyamba inali dokyumentale ya ulimi wamthirira. Adayilekita anabwera ndi flash nkunena kuti ikani kanyimbo kokhudza mtima, basi. Ine ndi changu cha unyamata ndinaunjika piyano, ma strings, kwaya, ng'oma, chilichonse chomwe ndimadziwa, masiku anayi osagona bwino. Panali pena pake mayi wina akuponda treadle pump m'dimba, thukuta kamukamu, akufotokoza mmene ana ake anagonera ndi njala chaka chimene mvula inadula msanga. Adayilekita anamvera mwakachetechete kenako anati "achimwene, nyimbo yanuyi ikumeza mawu a amayiwa." Zinandiwawa koma amanena zoona. Tinachotsa zonse, panatsala kalimba imodzi yokha ndi kaphokoso ka madzi mu ngalande, ndipo mpaka lero pamenepo ndikaonera misozi imalengeza.

Ndiye ndikuuze mosabisa, ngati ukufuna anthu azikuimbira m'manja pa siteji ntchito imeneyi si yako. Apa umatumikira chithunzi. Ukhoza kukonda kanyimbo ngati mwana wako, edita nkudula masekondi asanu pa sini, kanyimbo konse nkusokonekera, uyambirenso.

Chimene chimandipweteka kwambiri ndi cha ndalama. Nyimbo ija anandilipira kamodzi pamanja, popanda pepala lililonse, kenako ndinadzaimva mu advert ina pa wailesi ndili mu minibasi, dzina langa palibe, ndipo ndinalibe pogwira. Opanga mafilimu ambiri kwathu kuno nyimbo amaikumbuka kumapeto ndalama zitathera ku kamera ndi transport, ndiye amangotola za pa intaneti. Ine ndimati kumeneko nkupha filimu yako yomwe, ndipo sindisintha maganizo.

Taona Antonio Pinto wa ku Brazil. Anapeka nyimbo za City of God mu 2002 limodzi ndi Ed Côrtes, anadzapanga Senna mu 2010, Amy mu 2015, kenako The Boy Who Harnessed the Wind ya Chiwetel Ejiofor mu 2019, nkhani ya William Kamkwamba ija anajambula ku Kasungu. Zaka 17 zimenezo, filimu pambuyo pa filimu, ndipo ambiri amene anaonera sadziwa nkomwe dzina lake. Sindikumuda munthuyo, ntchito anaigwira bwino, koma mtima umandiwawa kuti nkhani ya ku Wimbe nyimbo zake anakapeka wa ku Brazil pamene ife tili ndi bangwe, kaligo, mangolongondo, zonse zili pakhomo.

Ndiye upange chani?

Kiyibodi ya ku tchalitchi usasiye, ma jingle (tinyimbo tatifupi totsatsa malonda) ndi ma advert usawanyoze, ndi amene amalipira lendi. Tenga sini ya filimu iliyonse, uzimitse mawu, upeke yako, tsiku ndi tsiku. Sakasaka ana asukulu amene akupanga timafilimu tatifupi uwathandize, mawa ndi amenewo adzakuitane. Kalembetse ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso m'Malawi, ndipo usapereke nyimbo popanda kontrakiti yonena kuti aigwiritsa ntchito pati komanso mpaka liti. Pomaliza uonetsetse kuti dzina lako lili pa cue sheet, kapepala kamene kamalemba nyimbo iliyonse ya mu filimu, kutalika kwake ndi mwini wake, chifukwa ma royalty, ndalama zimene umalandira nyimbo yako ikamagwiritsidwa ntchito, amatsata pamenepo. Ukamaliza sini yako yoyamba unditumizire pa imelo yomweyi ndimvere.