Yankho kwa amalume pa za Ashleigh Buhai

Amalume, ndamva funso lanu lofuna kudziwa chifukwa chimene Ashleigh Buhai, mayi wa gofu wa ku South Africa uja, anachedwera kupambana mpikisano waukulu pamene anthu amati anali katswiri kale ali mwana. Ndikuyankheni bwinobwino, popeza nkhani yake ndaitsatira kwa nthawi yaitali.

Iye anabadwira ku Johannesburg mu 1989, ndipo asanakwatiwe ankadziwika ndi dzina loti Ashleigh Simon. Mu 2004, ali ndi zaka 14 zokha, anapambana mpikisano wa South African Women's Open, kugonjetsa amayi akuluakulu amene gofu inali ntchito yawo yodyera. Komatu pa nthawiyo iye anali wosewera wosalipidwa, ndipo malamulo sankamulola kulandira ndalama za mphotho, choncho anatenga chikho koma ndalamazo zinapita kwa ena. Anapambananso mpikisano womwewo mu 2007, kenaka atangokwanitsa zaka 18 anayamba kusewera gofu ngati ntchito, ndipo chaka chomwecho anapambana Catalonia Ladies Masters ku Spain. Aliyense ankayesa kuti njira yatseguka.

Apa m'pamene ndikufuna mumvetse, amalume. Mwana wosewera wosalipidwa amakhala ndi makolo ndi bungwe la dziko lake zimene zimamuthandiza, ndipo akalephera amabwerera kunyumba n'kukadya nsima yake mwamtendere. Koma wosewera wa ntchito amadzilipirira yekha ndege, malo ogona ndi womunyamulira ndodo, ndipo m'mipikisano yambiri akapanda kuchita bwino pa masiku awiri oyamba amachotsedwa, n'kuchoka wopanda ngakhale tambala. Buhai anapambana ku Portugal mu 2011, koma pa LPGA, mndandanda wa mipikisano ya amayi wa ku America kumene kumakumana akatswiri a dziko lonse, anatha zaka zambiri osatenga chikho. Mu 2019 ku Woburn, ku England, anatsogola mpaka pakati pa mpikisano wa Women's British Open koma anathera pa nambala 5, ndipo mu 2020 ku Portland, ku America, anafanana ndi Georgia Hall wa ku England, n'kugonja pobwereza. Ine ndimaona kuti luso analidi nalo kuyambira kale, koma chimene chinkavuta ndi kuugwira mtima pa tsiku lomaliza.

Tsiku lake linafika mu Ogasiti 2022 pa mpikisano waukulu womwewo wa Women's British Open ku Muirfield, ku Scotland, ali ndi zaka 33. Malo amenewa ali ndi mbiri yakeyake, chifukwa kalabu ya kumeneko inayamba kulandira amayi ngati mamembala mu 2019 mokha, komanso ndi pabwalo lomwelo pamene Gary Player anapambana mu 1959 ndi Ernie Els mu 2002, onse amuna a gofu a kwawo ku South Africa. Buhai anayamba tsiku lomaliza ali patsogolo ndi mikwapulo isanu (pa gofu amapambana ndi amene wamenya mpira kochepa), koma pa dzenje la 15 mpira unagwera mumchenga, ndipo anataya mikwapulo itatu pa dzenje limodzi lokhalo. Kunena zoona, ine ndinati zakale zija zabwereranso. Anamaliza mofanana ndi Chun In-gee wa ku South Korea, ndipo awiriwo anabwereza dzenje la 18 kanayi, mdima ukuyandikira. Ulendo wachinayi mpira wa Buhai unagweranso mumchenga, koma anautulutsa mwaluso n'kuuika pafupi kwambiri ndi dzenje, ndipo chikho chinakhala chake. Mwamuna wake David, amenenso ntchito yake ndi yonyamulira ndodo osewera, anali pomwepo akuonerera.

Anakhala mayi wachiwiri wa ku South Africa kupambana umodzi mwa mipikisano ikuluikulu, potsatira Sally Little. Zitatero zikho zinayamba kubwera motsatizana, pakuti anatenga Australian Open kumapeto kwa 2022 ndi mu 2023, komanso ShopRite LPGA Classic mu 2023. Ngati mukufuna, ndikutumizireni kanema wa mpira wa mumchenga uja madzulo ano.