Musagule kaye buku lija achemwali, fufuzani county

Achemwali, ndaona funso lanu loti mwana wabwera ndi homuweki ya family tree, mbali yanu ya kumudzi mwadzaza mpaka agogo awo a agogo koma mbali ya bambo ake, omwe ndi akuda a konkuno ku America, yathera pa agogo basi, ndiye mukufunsa ngati mugule limodzi mwa mabuku aja amatsatsa pa intaneti a mbiri ya dzina la banja. Musagule kaye. Ine ndinagulapo lotere, ndalama inapita ndithu, munali anthu a dzina lofanana ndi la mayi a kunyumba kwathu mbweee koma wachibale olo mmodzi, onse azungu a ku England. Ndimakhala ku South Bend, Indiana, akazi anga ndi obadwira konkuno, ntchito imeneyi ndakhala ndikuitola pang'onopang'ono ma wikendi kwa zaka ndithu ndiye ndikuuzeni momwe zinayendera kwa ife.

Poyambira ndi pa munthu wamkulu kwambiri amene adakali moyo kubanja kwa amuna anuwo. Kwa ife anali azakhali awo a madamu, gogo wa zaka za m'ma 80. Tsiku loyamba ndinalakwitsa, ndinati tiuzeni mbiri ya banja, iwo anangoti palibe chonena, tinali amphawi basi. Ulendo wachiwiri ndinafunsa kuti kodi mayi anu anaikidwa kuti, nanga muli ana tchuthi munkakathera kwa ndani, pamenepo gogo anadzuka kukatenga chitini cha mabisiketi kuchipinda, chodzaza ndi mapulogalamu a maliro. Anzathuwa pa maliro amasindikiza kapepala kokhala ndi chithunzi cha malemu, kumene anabadwira, mayina a makolo ake, ndi onse amene wawasiya. Pa kapepala kena kofiirira ndi ukalamba panalembedwa Holmes County, Mississippi. Zonse zimene tapeza kuchokera tsiku limenelo zinatsegukira pamenepo.

Nkhani ya county muigwiritse. Ili ngati boma kwathu, kwa DC, ndipo kuno mapepala a ukwati, a malo, mawilo (makalata onena mogawira chuma munthu akamwalira) ndi za chuma cha masiye zambiri zimasungidwa kumeneko osati ku Washington. Ku Mississippi za malo ndi mawilo zimakhala kwa chancery clerk, mlembi wa khothi la pa county. Komanso malire ankasintha, Holmes yomweyo inadulidwa kuchokera ku Yazoo County mu 1833 ndiye chilichonse cha m'mbuyo mwa chaka chimenecho mukachifune ku Yazoo, banja lisanasamuke ndi phazi lomwe. Masatifiketi a kubadwa ndi a imfa boma la Mississippi linayamba kusunga mu 1912, munthu wobadwa 1890 musavutike kumufunira satifiketi ya kubadwa, funani ya imfa, imeneyo kawirikawiri imatchula bambo ndi mayi ake.

Kenako kalembera. America imawerenga anthu zaka 10 zilizonse kuyambira 1790, ndipo mapepala a mayina amawatulutsa pakatha zaka 72, wa 1950 anatuluka mu April 2022. Tsegulani akaunti pa webusaiti yofufuzira makolo ya FamilySearch, ndi yaulere, eni ake ndi a mpingo wa Mormon a ku Salt Lake City koma safunsa kuti mumapemphera kuti. Yambani 1950 muwapeze agogo a amuna anu ali ana m'nyumba ya makolo awo, mubwerere 1940, 1930, choncho, m'badwo umodzi umodzi osadumpha. Zaka za anthu zizikusokonezani, gogo wina wathu pakati pa kalembera awiri anangokula zaka 6, dzina lake linalembedwa mitundu itatu, wolembayo ankangolemba zimene khutu lamva pakhomo. Wa 1890 musamufune, pafupifupi yense anawonongeka pa moto wa mu 1921 ku Washington, ndiye pali dzenje la zaka 20, mtsikana wobadwa 1881 pofika 1900 ali kale pabanja ndi dzina la mwamuna, kwa makolo ake simumuona n'komwe.

Mukafika 1870 mupuma kaye. Ameneyo ndi kalembera woyamba kulemba ndi mayina awo anthu amene anali akapolo, poti ukapolo unatha 1865. M'mbuyo mwake, 1850 ndi 1860, kuli mapepala apadera otchedwa slave schedules, pamwamba dzina la mwini akapolo, pansi pake mizere chabe, mkazi zaka 35, mwamuna zaka 7, mkazi zaka 2, mayina ayi. Tsiku limene ndinawaonetsa akazi anga tsamba lotere pa laputopu anayang'ana nthawi yaitali, kenako anangonyamuka kukatsuka mbale zomwe zinali zotsukatsuka kale.

Apa tsopano ndi pamene mabuku amagwira ntchito, koma osati aja a pa intaneti. Ku Fort Wayne, Indiana, maola awiri pagalimoto kuchokera kwathu kuno, kuli Genealogy Center mkati mwa Allen County Public Library, imodzi mwa malaibulale akuluakulu a zimenezi mu America muno, kulowa ulere. Mabuku anawasanja state ndi state, county ndi county, umangopita pa shelefu ya Mississippi n'kuyamba kutsitsa wekha. Muli mabuku onenepa a mbiri ya ma county a m'ma 1880 ndi 1890, ena osindikizidwa ndi kampani ya Goodspeed. Dziwani kuti anthu olembedwa m'menemo ambiri ankalipira kuti alowemo, anthu amawatcha mug books, ndiye aliyense ndi wolimbikira, woopa Mulungu, wolemekezeka m'dera lonse, chidakwa mulibe, wangongole mulibe. Munthu wakuda simumupeza kawirikawiri. Poyamba ndinakwiya nawo ndinati awa ndi mabuku odzitamandira azungu basi, koma mayi wina wogwira ntchito pa desiki anandiuza mawu amene anandisintha maganizo, kuti ngati ukufuna kapolo tsatira banja limene linkamusunga. Buku lija likuuza kuti mzungu uje anachokera ku South Carolina chaka chakuti, anakwatira mwana wa uje, munda wake unali mbali ya mtsinje wakuti. Akapolo ankasamuka limodzi ndi mabanja amenewa, mwana wamkazi akamakwatiwa ankapatsidwa anthu ngati mphatso, bambo akamwalira ana ankagawana anthu ngati ng'ombe za masiye. Ndiye mbiri ya banja la mzunguyo ndi njira imene makolo a amuna anu anayenda.

Mabuku amene ine ndimawakonda ndi onyansa aja, otayipidwa pa taipi ya kale, omangidwa ndi waya. Analemba ndi magulu a anthu ongodzipereka a m'ma county, ena anayenda manda ndi manda kukopera za pa ziliza, ena anakhala ku khothi kufupikitsa mawilo onse ndi maukwati. M'buku lotere ndinapeza nambala ya fayilo ya chuma cha masiye ya mzungu amene mu 1870 banja lake linali nyumba zitatu chabe kuchokera pa gogo wathu wamkulu. Titaitanitsa kope, pa mndandanda wa katundu panali abulu, makasu, bedi, kenako mayina a anthu ndi mitengo yawo m'madola, ndipo limodzi linali dzina loyamba la gogoyo, zaka zikugwirizana. Ndinalemba ndi pensulo osati bolopeni, mayina oyamba amafanana ambiri, mpaka pepala lachiwiri livomereze. Ndipo musaganize kuti aliyense anatenga dzina la mbuye wake womaliza, ena anatenga la mbuye wakale wa bambo awo, ena anangosankha lawo. Yang'ananinso mapepala a Freedmen's Bureau, ofesi ya boma yothandiza akapolo omasulidwa, 1865 mpaka 1872, muli makontirakiti a ntchito za m'minda ndi maukwati, ndi a Freedman's Savings Bank, banki ya anthu omasulidwawo, imene inagwa mu 1874, wotsegula akaunti ankatchula makolo, abale ndi kumene anabadwira, ku Vicksburg kunali nthambi yake.

Mbiri ya dera imakuyankhani funso loti anachokeranji. Kuyambira cha m'ma 1910 mpaka 1970 anthu akuda pafupifupi 6 miliyoni anachoka kummwera kuthawa tsankho ndi ulimi wa thonje wogawana ndi mwini munda, umene ngongole yake sinkatha. A ku Holmes njanji ya Illinois Central inkadutsa pa Durant kulunjika Chicago, ndiye musadabwe kuti theka la abale lili ku Chicago. Athu anapitirira kudzagwira ntchito ku fakitale ya magalimoto ya Studebaker kuno ku South Bend, imene inatseka mu December 1963. Ma city directory, timabuku ta mayina, maadiresi ndi ntchito za anthu a mu tauni, amakuonetsani chaka chimene munthu watulukira mu mzinda watsopano.

Achimwene amene mwakomenta kuti mwina makolo a bambo a mwanayo anachokera kwathu ku Malawi konkuja, n'zokayikitsa, ochuluka amene anabweretsedwa ku United States anachokera ku West Africa ndi cha ku Congo ndi Angola, athu ogwidwa kudzera pa Nkhotakota ankawolotsedwa nyanja kupita ku Kilwa ndi Zanzibar. Ndipo ma family tree a anthu ena pa webusaiti ya Ancestry musamangokopera, ndinaonapo mayi atabereka mwana zaka zitatu atamwalira kale ndipo anthu khumi anakopera momwemo.

Homuweki ya mwanayo alembe mpaka pamene mukudziwa, aphunzitsi sakwapula. Koma Loweruka lino pitani kwa wamkulu uja ndi foni yodzaza moto, mupemphe kaye musanayambe kurekoda, ndipo mufunse za chitini, kaya Baibulo lakale lolembedwa mayina kutsogolo. Mukapeza dzina la county mulilembe pano, mwezi wamawa ndikupita ku Fort Wayne ndikakuonerani pa shelefu.